Chiwongoladzanja cha Nyumba Yathu ya ku Mandava

Mandava, Zvishavane
Lachinayi masana

Edina mwana wanga,

Ndakhala pakhonde ndi cholembera, amayi ako ali m'kati akulimbana ndi zipi ya chikwama chako, iwe wapita kukatsanzikana ndi anzako a kwaya. Mawa ukukwera basi ya ku Beitbridge, ulendo wa kwa mwamuna wako Tawanda ku Rustenburg. Ndati ndilembe chifukwa ndikayamba pakamwa iwe umayankha m'Chishona, ine n'kubweza m'Chichewa, pakatikati amayi ako n'kulowererapo, nkhani n'kusanduka ya nsapato zimene waiwala. Uwerenge pang'onopang'ono. Chichewa chako chimatsimphina koma chimafika.

Mtima wanga uli m'mwamba ndi chimwemwe, mwana wanga. Unandiona dzulo ndikulowa pageti ndikuvina, chipewa chili m'manja, ana a anansi akundiseka pampanda. Bondi ya nyumba ino yatha. Ngongole imene ndaisenza zaka makumi awiri ndi chimodzi ndinakaimaliza ku Gweru ndi kamtolo ka mabeyara, timapepala ta ndalama yathu yakugwayi, komanga ndi labala, ndalama zosakwana kugula buledi muwiri, buledi akapezeka. Panali patatsala zaka zinayi. Mtsikana wa pa kauntala anayang'ana pakompyuta, anayang'ana ine, n'kuphulika kuseka. Anati, "Sekuru, yasara ishoma pane yamabhadhara kombi." Ndipo ananena zoona, ndalama imene ndinalipira kombi, minibasi ija, kuti ndikafike kumeneko inaposa ngongole yonse yotsala. Anadinda chidindo, ine n'kumupempha kuti adindenso kachiwiri kuti ndimve bwino kulira kwake. Taitolo, chikalata cha umwini chija, akuti ituluka pakapita masabata angapo, dzina langa lili pamwamba.

Ndiye mlungu uno ndalandira zabwino ziwiri. Nyumba yakhala yanga, ndipo mwana wanga akupita kukamanga banja lake kumene m'masitolo muli zinthu. Koma pamene ndinkakufotokozerani za ku Gweru, iwe unaseka n'kunena kuti, "Saka baba, bondi haina basa, inozvipedza yega." Bondi imadzimaliza yokha, ndi mmene unaonera. Ndinaseka nawo, koma ndikudziwa kuti Tawanda wapeza nyumba kumeneko, ndipo mapepala a kubanki akudikira siginecha yako mlungu wamawa. Wanena pafoni kuti ya pamwezi ikungoposa lendi pang'ono. Mawu omwewo ndinawanenapo ine ndili ndi tsitsi lakuda. Usasayine usanachulukitse, Edina. Kalata yonseyi ikunena chimenecho, zinazi ndi njira yofikira.

Ndiyambe ndi agogo ako aamuna, kuti udziwe kumene njala yanga ya nyumba inachokera. Anachoka ku Dedza wapansi ali mnyamata, n'kugwira pa mgodi wina wa kromu zaka zoposa makumi atatu. Nyumba ya kukomboni ankaitcha yawo. Anabzala mapapaya, anamanga khola la nkhunda kuseri, ndipo lendi inkachoka pa malipiro iwo osaiona n'komwe. Mphamvu zitatha anapatsidwa wotchi ndi masiku owerengeka oti atuluke. Anzawo Achishona anakweza katundu kupita kumusha, kumidzi kwawo. Ife kumusha tinalibe. Kwathu kunali kutali, ndipo amene ankawadziwa kumeneko anali atatha. Tinapanikizana m'chipinda chimodzi cha mnzawo wa kutchalitchi, nkhunda zija n'kudyedwa imodziimodzi. Ndinalumbira ndili mnyamata kuti mwana wanga sadzatulutsidwa m'nyumba ndi munthu wonyamula kiyi. Lumbirolo linali labwino, koma linandisandutsa munthu wosayina chilichonse bola pamwamba palembedwe kuti nyumba. Njala yomweyo ndikuiona mwa iwe, ndipo siindidabwitsa.

Iwe uli ndi zaka zinayi zinamveka kuti nyumba zina kuno ku Mandava zikugulitsidwa pa bondi kudzera ku sosaiti ina ya ku Gweru. Iwo alipira nyumba, iwe uziwabwezera mwezi ndi mwezi, taitolo ili m'kabati mwawo mpaka umalize. Chingerezi changa chinali cha pansi pa mgodi, cha "yes baas" ndi "danger", choncho ndinatenga a Chisale, basiboyi wathu, kapitawo wa pamgodi, mkulu wa mpingo, amene ankatchuka ndi kuwerenga nyuzipepala mokweza. Kalaliki analankhula zambiri. Ine ndinamva chinthu chimodzi, ndalama ya pamwezi, chifukwa ife anthu a pamgodi timaganiza ndi peyisilipi: achotsa zingati, zitsala zingati, basi. Kenako anatchula mawu akuti "interest" ndi pelesenti yake. Ndinawakodola a Chisale.

"Kodi akuti chiyani pamenepo?"

"Akuti chiwongoladzanja, Phiri. Sayina, usatichititse manyazi."

Mawu amodzi amenewo ndi amene anandigwetsa, ndipo a Chisale sanalakwitse kumasulira. Koma monga ndinakulira ine, chiwongoladzanja chinali chinthu chaulemu. Munthu akakusemera mpini, kapena akakubwereka njinga kuti ukaone wodwala, unkamupatsa kanthu, nkhuku kapena fodya, kuti dzanja lake limene linapindika pokuthandiza liwongoke. Unkapereka kamodzi, iye n'kuwomba m'manja, nkhani yatha. Sindinamvepo munthu akuwongoledwa dzanja chaka ndi chaka pa mpini umodzi. Ndinaganiza kuti azungu a sosaitiwa ndi anthu odziwa mwambo ndithu, ndipo ndinasayina ndikumwetulira.

Pobwera pa basi ndinachita masamu anga kuseri kwa envelopu. Ndinatenga mtengo wa nyumba, n'kuikapo kapelesenti kaja kamodzi, n'kugawa ndi ya pamwezi. Zinandipatsa zaka zisanu ndi zinayi. Zaka makumi awiri ndi zisanu zimene zinalembedwa papepala ndinati ndi malire oikira anthu ozengereza, osati ine amene sitopu oda izichotsa ndalamazo pa malipiro ndisanazigwire. Amayi ako anafunsa kuti, "Bambo a Edina, mwafunsa bwinobwino?" Ndinawayankha kuti za mapepala azisiyira amuna. Ukaona mwamuna wako wayankha choncho, mwana wanga, dziwa kuti sanafunse. Funsa ndiwe.

Zaka zisanu ndi zinayi zija zitakwana ndinalengeza. Ndinaitana a Chisale ndi akulu ena a mpingo kuti Loweruka abwere adzaone taitolo, amayi ako n'kugula nkhuku ziwiri. Lachisanu ndinavala jekete ya ukwati wathu, ngakhale inali itayamba kukana mabatani, n'kukwera basi ya ku Gweru. Pakauntala ndinaimirira chowongoka n'kunena kuti ndabwera kudzatenga taitolo yanga. Kalaliki wa tsikulo anali bambo wofatsa, wa magalasi. Anatulutsa faelo, anatembenuzira pepala kwa ine, n'kuloza ndi pensulo. Pa magawo khumi a ngongole ija, limene linali litachoka linali limodzi lokha. Mutu unaima. Chingerezi chinathawa, Chishona chinathawa, chimene chinatuluka ndi Chilapalapa cha kumgodi.

"Aikona! Mina badalile zonke!"

Ndinkati ayi, ine ndalipira zonse. Anthu a pamzere anatembenuka onse. Bamboyo sanakweze mawu. Anati, "Garai pasi, baba. Interest ndeyegore negore, pamari yasara."

Anandikhazika pampando n'kundiphunzitsa zimene ndikufuna uzimve lero kwaulere. Chiwongoladzanja cha kubanki ndi cha chaka chilichonse, ndipo amachiwerengera pa ngongole yonse imene yatsala. Zaka zoyambirira ngongole imakhala ikadali yaikulu, choncho ndalama yako ya pamwezi pafupifupi yonse imathera kuwongola dzanja lawo, kanyenyeswa kokha n'kupita ku nyumba. Kenako anandipatsa pensulo kuti ndichite ndekha: ya pamwezi kuchulukitsa ndi miyezi khumi ndi iwiri, yankho kuchulukitsanso ndi zaka makumi awiri ndi zisanu. Ndinachita kawiri chifukwa koyamba ndinayesa ndalakwitsa. Zinatuluka nyumba zitatu ndi kachidutswa. Imodzi ndi iyi wakuliramoyi, ziwiri zinazo sindinaziikepo diso. Masamu amenewo ndi a Giredi Faifi, Edina, ndipo akananditengera mphindi zitatu tsiku losayina.

Nkhuku zija zinali zitaphedwa kale, ndiye alendo anabwera. Ndinawauza kuti taitolo ikadali kwa maloya, iwo anadya, anapemphera pemphero lalitali lothokoza. Onse atapita ndinawatengera a Chisale kuseri n'kuwafotokozera. Iwo anati, "Phiri, nanenso ndimayesa ndi kamodzi." Iwo anali asanatengepo bondi m'moyo wawo. Tinaimirira pamenepo amampara awiri, zitsiru zenizeni, wina womasulira, wina wosayina. Ukadzafuna wokuthandiza kumva mapepala, usatenge munthu chifukwa choti amamveka bwino polankhula. Upeze amene walipirapo bondi zaka zingapo, ndipo umufunse kuti yatsika bwanji.

Chaka chomwecho chisanathe kunabwera kalata yoti pelesenti yakwera, ndipo ya pamwezi inakwera nayo. Ndinabwereranso ku Gweru kukakangana, n'kuonetsedwa kamzere kamene kanali papepala kuyambira tsiku loyamba, kakuti iwo akhoza kusintha. Ndinali nditakasayinira ndekha. Choncho ukafunse ngati pelesenti yanu ndi yokhazikika kapena yoyenda, ndipo ikakwera mudzalipira zingati. Ukafunsenso za zinthu zimene sizimveka pafoni: ya maloya, ya kusintha dzina, inshuwalansi, misonkho ya khansolo. Munthu wa lendi denga likadontha amaitana mwini nyumba, koma iwe mwini nyumba udzakhala ndiwe, ngakhale taitolo ili kubanki. Akakuuzani kuti mutalikitse zaka kuti ya pamwezi ichepe, chulukitsanso, udzaona kuti kuchepa kumeneko n'kodula kwambiri. Funsa m'Chingerezi, akakuzunguza funsanso, mpaka atope nawe. Manyazi a pakauntala amatha ukangotuluka pakhomo, ndakuuza ine amene ndinawaopa n'kulipira zaka zonsezi.

Ukuwadziwa a Saidi a kuseri kwa msika, aja amagulitsa zitsulo za njinga. Tinali pa shifiti imodzi. Iwo anakana bondi, anati chipembedzo chawo sichilola ndalama yobereka ndalama. Anapeza sitandi, puloti yopanda kanthu, n'kumamanga chipinda chimodzi, chaka china chachiwiri, njerwa zili poyera, zenera lotseka ndi katoni. Ndinkawaseka podutsa, ndinkati, "Achimwene, kodi nyumbayi ikumangidwa kapena ikugumulidwa?" Iwo ankangoti, "Pang'onopang'ono, Phiri." Tsiku limene ndinkachokera ku Gweru ndi jekete yanga ndi manja lende, ndinawapeza akupaka penti chipinda chachisanu, opanda munthu wowalembera kalata. Ndinadutsa mbali ina ya msewu. Sindikuti usatenge bondi, mwana wanga. Kumeneko mwina sitandi yomanga pang'onopang'ono siipezeka, ndipo kugona m'nyumba yotha kuli ndi kukoma kwake, ndakulawa. Ndikungoti udziwe mtengo wake wonse, kenako usankhe maso ali otsegula.

Tsopano za mawu ako aja akuti bondi imadzimaliza yokha. Ayi, siinadzimalize. Chimene chadya ngongole yanga, kugwa kwa dola yathu, ndi chomwecho chadya penshoni imene ndinkadulidwa kuyambira ndili malayisha, wokweza miyala ndi fosholo. Chadya polise, inshuwalansi yathu ya maliro, chadya kabuku ka kubanki kamene amayi ako ankasungamo za tomato wawo. Ndalama imene inayenera kutisunga mpaka kumanda lero siigula botolo la mafuta ophikira. Ndiye zaka zinayi zimene ndakhululukidwazo ndazilipira ndi ukalamba wanga wonse. Ndikuvina, inde, ndipo ndivinabe mpaka mawondo akane, chifukwa pa zonse zimene zapita chimodzi chatsala ndipo chili ndi denga. Koma usapemphe mwayi wotere. Randi si dola yathu. Kumeneko ngongole idzakhala ngongole mpaka mwezi womaliza, ndipo ikakhala ya zaka zofanana ndi yangayi udzakhala uli ndi zaka makumi asanu.

Tawanda ndimamukonda, usandimve molakwa. Mkamwini amene amawoloka malire ndi shuga ndi sopo pamutu m'nyengo ino ndi munthu. Ndipo iye ayenera kumva nkhaniyi msanga kuposa ine, poti kwawo roora, malowolo aja, silitha, munthu amalipirabe ana atakula. Umuuze kuti bondi ndi choncho, kungoti kubanki kulibe apongozi ochita nawe chifundo. Mayina onse awiri alembedwe pa nyumbayo, lako ndi lake, ndipo uone ndi maso ako pamene lalembedwa. Mukhale pansi mufunsane kuti ntchito ikatha, kapena pemiti ikachedwa, mudzalipira ndi chiyani miyezi itatu yoyamba. Migodi imatseka, mwana wanga, ngakhale ya pulatinamu, ndipo inu kumeneko ndinu alendo monga analili agogo ako kuno. Mukapeza kandalama kapadera zaka zoyambirira, kaponyeni pa ngongole, chifukwa nthawi imeneyo kamadula zambiri. Ndikulakalaka kudzaona chithunzi chako utaima pageti lako, ndidzachiyendetsa Mandava yense mpaka anthu azindithawa. Koma usasayine usanachulukitse.

Pali chinthu chimene ndakhala ndikuchizungulira kuyambira pamwamba, ndipo amayi ako atulukira pakhomo kundiuza kuti ndikapanda kuchilemba akuuza okha pokwerera basi. Dzana, mukupinda zovala, ndinakumva ukuwauza kuti za manambala uzisiyira Tawanda, poti iwe mutu wako si wa masamu. Wakhala ukunena zimenezi zaka zambiri, nthawi zina moseka, ndipo nthawi iliyonse ndimatuluka panja ngati ndikukaona mpopi. Ndikudziwa tsiku limene unayamba kuzinena.

Chaka chimene ndinapita ku Gweru ndi jekete ndicho chaka unali mu Giredi Seveni. Ndinali nditakulonjeza sukulu yogonera konko ya amishoni, chifukwa pa masamu anga bondi inali kutha ndipo ya pamwezi ija ikanasanduka fizi yako. Unakalemba mayeso awo olowera, unabwera ukudumpha, ukuti masamu anali ngati madzi. Thiranki yachitsulo tinali titaigula kale, iwe n'kulembapo dzina lako ndi penti yoyera. Yankho linabwera pa adiresi ya kuntchito kwanga, patapita milungu iwiri chibwerere ku Gweru. Ndinaliwerengera m'chipinda chosinthira zovala, nyale ikadali pachipewa. Ndinawerengera fizi, ndinawerengera bondi, ndipo zonse ziwiri sizikanalowa mu peyisilipi imodzi. Ndikanasiya bondi akanatilanda nyumba, ndipo ndinaona agogo ako ataima panja ndi wotchi yawo. Ndinasankha nyumba. Mwina bambo wina aliyense akanasankha chimodzimodzi, ndipo pa chimenecho chokha ndikanagona tulo. Koma ndinalibe mtima woima pamaso pa mwana wanga n'kunena kuti bambo ako sanamve mawu amodzi. Ndinakuuza kuti sanakutenge.

Unakana kudya masiku awiri. Thiranki ija unaikankhira pansi pa bedi, dzina litayang'ana kukhoma. Unapita ku sekondale yoyendera ndipo unakhoza bwinobwino, koma aphunzitsi ako anandiuza kuti unasiya kukweza dzanja. Amayi ako ndinawauza patapita chaka, ndipo sanandilankhule mlungu wathunthu. Kalaliki uja anandionetsa nyumba zitatu, koma mtengo uwu sunali pa pepala lake, ndipo ndi umene ukundiwawa kuposa yonse. Sindinaulipire ine, unaulipira ndiwe uli ndi zaka khumi ndi zitatu, osadziwa n'komwe.

Kalata ya amishoni ija sindinaitaye. Ndaipinda m'kati mwa iyi. Yachita chikasu ndipo m'mopinda mwang'ambika, koma dzina lako likuwerengeka, lili lachiwiri pa mndandanda. Ndikupepesa, mwana wanga, ndipo ndikudziwa kuti ndachedwa. Ukafuna kundikwiyira kwiya, msewu wa ku Rustenburg ndi wautali ndipo sindikupempha kuti zithe ukamafika. Chimene ndikupempha ndi chakuti ukakhala pa tebulo la kubanki mlungu wamawa, pensulo ugwire ndiwe. Uchulukitse wekha, uone nambala yonse ndi maso ako, ndipo ukhulupirire yankho lako ngakhale onse m'chipindamo akukufulumizitsa. Mulungu akuyendetse bwino pamsewu ndi pamalire.

Unakhoza, Edina. Anakutenga. Amene analephera masamu m'nyumba muno ndi ine.

Bambo ako,
L. Phiri